Batani la Faifi

Itzel, mwana wa mlongo wanga, wandilanda mpando.
"Amalume, musagwire kanthu."
Ndaima kumbuyo kwake ngati wodikira dokotala,
manja akununkhabe girisi wa kugalaja,
mvula ya ku Puebla ikumenya malata.

Akuti makina aja a m'sitolo mwa Doña Amparo,
chibokosi chomwe chinkandiposa msinkhu,
chomwe chinkameza chenji chonse amayi akatituma,
chalowa m'kafayilo aka.
Kompyuta ikungonamizira kukhala chibokosicho
ndipo omenyana m'katimo sakudziwa kuti ananamizidwa,
akuyesabe kuti kunja kuno tili ndi zaka khumi.

Fidencio ali ku Omaha.
Amakhoma madenga a anthu, lake ndi la lendi.
Zaka khumi ndi zisanu ndi ziwiri osaonana;
pafoni mawu ake ananenepa.
"Kuno kwalemba kuti fayilo siikugwirizana."
Itzel wapukusa mutu:
yake ndi ya ku Japan, yanga ndi ya ku Ulaya,
dzina limodzi, nkhonya zomwezo,
koma zikasiyana kadontho kamodzi, sizilankhulana.
Ndati zimenezo ndimazidziwa.
Sanandifunse kuti ndinazidziwira kuti.

Tatumiza ina. Tadikira.
Wathimitsa waifai, akuti imaphethira,
wakoka nthambo yabuluu kuchokera pabalaza,
pansi pa chitseko, pamwamba pa mphaka wogona.
Watsegula kakhomo mu rauta,
manambala anayi omwe ndalemba pachikhatho.
Kenako mabatani: nkhonya zitatu pamwamba,
mateche atatu pansi.
Zala zanga zafika pamalo zisanauzidwe.

Pakona pali nambala yobiriwira, 84.
Akuti ndiwo mtunda wapakati pathu,
woyezedwa m'tizidutswa ta sekondi.
Akuti makina amalosera chomwe mkulu wanga achite;
akaphonya, amabwerera m'mbuyo pang'ono
n'kukonza, diso lisanazindikire.
Ndakumbuka depoti ya basi usiku uja,
chikwama chake chobwereka,
ndi mawu anga aja akuti pita, sitikusowa.
Pamenepo panalibe chobwezera m'mbuyo.

"Nanga ndalama ndiponya pati?"
Waseka. "Dinani faifi."
Ndadina. Ngwee!
Kulira komwe kuja.
Ndadinanso, ndadinanso, ndadinanso,
ine amene ndinakwapulidwa ndi lamba
chifukwa cha peso imodzi.

Wasankha munthu wake yemwe uja,
ndasankha wanga.
Palibe wanena moni.
Amadumphabe akachita mantha,
ndimamudikirabe pansi ndi nkhonya yaikulu,
ndipo akudziwa kuti ndikudikira,
koma akudumpha ndithu, chitsiru,
bambo wa ana atatu, wa bondo lovuta.
Raundi yoyamba yanga.
Yachiwiri wandipanikiza pakona
monga ankachitira pabedi lathu limodzi lija,
ine kukhoma, iye ndi bulangete lonse.

Yachitatu, chithunzi chagwedezeka kamodzi.
Kenako Fidencio wasokonekera,
akumenya mphepo, akuyenda cham'mbuyo.
Ndamusesa. Ndamunyamula. Ndamugwetsa.
Ndakuwa mpaka mphaka wathawira kukhitchini.
Koma pafoni nayenso akukuwa:
"Ndakuswa, mphwanga! Wangoima ngati mtengo!"

Itzel wasuzumira, walumako mlomo.
"Zasiyana. Yanu ikuyenda yokha, yawo yokha.
Aliyense wamenya chithunzi chabe.
Titseke, tiyambirenso."
Dzanja lake lafika kale pa mausi.

Kuno munthu wanga wakweza mkono, wapambana.
Ku Omaha wake wakwezanso.
Ndikumva mkazi wake akuti ana agona,
ndikumva mpando ukugwa,
kenako kuseka kuja kokoka mpweya ngati pampu ya njinga
komwe ndinkayesa ndinakuiwala.

"Dikira kaye," ndamuuza mwanayo.
"Msiye amalize."

Mvula yachepa.
Manambala apachikhatho afufutika ndi thukuta.
Pafoni akupuma, akutsokomola,
akufunsa ngati sitolo ija ilipobe.
Ndati pano amagulitsamo mafoni.
Wakhala chete pang'ono.
"Chabwino. Ponya ina."